LIU LIMENE KAMERA SINATHE KULIJAMBULA

Moni kwa inu amene mukutimvera ku Malawi, ku Chipata ndi ku Lusaka, ku Tete ndi ku Lichinga, ku Harare ndi ku Johannesburg, ndiponso kwa inu abale ndi alongo amene tili limodzi kuno ku Gaborone m'dziko la Botswana. Ngati Buku Lopatulika muli nalo pafupi, tsegulani pa Uthenga Wabwino wolembedwa ndi Yohane, mutu 11, ndipo muikepo chala, pakuti tifikako posachedwa. Lero tifuna kulankhula makamaka ndi munthu amene wapemphera, wasala kudya, wadikira, koma kumwamba kuli zii. Kuti tifike pa nkhaniyi tidzera njira yachilendo pang'ono. Tiyamba ndi makanema akale amene analibe mau, kenaka tiima pa manda a kamwana kena kufupi ndi mzinda uno, ndipo tikachoka pamenepo tipita ku Betaniya.

Pa 28 December 1895, mu mzinda wa Paris ku France, munthu ndi mbale wake, Auguste ndi Louis Lumière, anaonetsa zithunzi zoyenda kwa anthu amene analipira pakhomo. Kuyambira nthawi imeneyo kufikira cha m'ma 1927, makanema analibe mau. Anthu ankaona milomo ikugwedera pa chinsalu, koma liu silinkamveka. Nkhani ikafika povuta, pa chinsalu pankabwera mau olembedwa ochepa, kenaka zithunzi n'kupitirira. M'nyumba zoonetsera kanema munkakhala woimba limba, ndipo m'zaka zoyambirira kawirikawiri pambali pa chinsalu pankaimirira munthu wofotokozera anthu zimene akuona.

Imodzi mwa nkhani zoyamba zimene opanga makanema anathamangira kujambula inali moyo wa Ambuye wathu. Chifukwa chake n'chosavuta kuchimvetsa: nkhaniyi anthu a ku Ulaya ankaidziwa kale, choncho sinafune kufotokoza kwambiri. M'chaka cha 1899 Georges Méliès anajambula kanema wamfupi woonetsa Yesu akuyenda pamwamba pa madzi. M'chaka cha 1903 kampani ya Pathé inatulutsa kanema wa moyo ndi masautso a Khristu, ndipo m'chaka cha 1906 mayi wina dzina lake Alice Guy anapanganso wina ku kampani ya Gaumont. M'chaka cha 1912 kampani ya Kalem ya ku America inatuma gulu lake, motsogozedwa ndi Sidney Olcott, kukajambula ku Igupto ndi ku Palestina komweko kanema wotchedwa From the Manger to the Cross, kutanthauza kuchokera modyera ziweto kufikira pa mtanda. Mau onse obwera pa chinsalu anawatenga m'Malemba. Ndipo m'chaka cha 1927 Cecil B. DeMille anatulutsa The King of Kings, ndiye kuti Mfumu ya Mafumu, kanema amene anaonetsedwa m'maiko ambiri kwa zaka zochuluka.

Makanema amenewa anali ndi mphamvu yake, ndipo sitikuwanyoza. Popeza panalibe mau, nkhope ndi manja ndi zimene zinkalankhula. Mayi woferedwa ankaoneka atagwira kumutu, misozi ili chuchuchu, ndipo aliyense woonera, kaya ndi wa mtundu wanji, ankamva chisoni chake popanda womasulira. Mu kanema wa 1927 uja, nkhope ya Yesu sioneka pachiyambi. Muli kamtsikana kakhungu kamene akubwera nako kwa Iye. Chinsalu chichita mdima monga mmene zilili m'maso mwa mwanayo, kenaka kuwala kuyamba pang'onopang'ono, ndipo chinthu choyamba chimene mwanayo aona, pamodzi ndi onse oonera, ndi nkhope ya Womchiritsa. Amene anaganiza zimenezi anali waluso ndithu.

Komabe tiyeni tione mmene chozizwitsa chinkapangidwira pa chinsalu. Kamera za nthawi imeneyo zinali zopukusa ndi dzanja. Wojambula akafuna kuti mngelo atulukire mwadzidzidzi, ankaleka kupukusa, munthu wovala zoyera n'kuima pamalo pake, iye n'kuyambanso kupukusa. Akafuna kuti munthu aoneke akuyenda pamadzi, ankajambula kawiri pa filimu imodzi, poyamba nyanja, kachiwiri munthu. Motero pa chinsalu chisoni ndi chozizwitsa zimatsatizana msanga. Kulira kukayamba, pakangopita mphindi zochepa wakufa wadzuka, onse akukumbatirana, nyali ziyaka, anthu abwerera kwao. Masiku odikira, usiku wosagona, miyezi yopemphera popanda yankho, zonsezi wodula filimu amazitaya pansi ndi lumo lake, pakuti palibe amene angalipire ndalama kuti aonere munthu akungodikira.

Palinso chachiwiri. Chithunzi pachokha sichinena tanthauzo lake. Zimenezi zinaoneka kwathu kuno kanema asanakhaleko n'komwe. David Livingstone ankayenda ndi nyali yoonetsera zithunzi zojambulidwa pa magalasi. Mu January 1854 anafika kwa Mfumu Shinte ya Alunda, ndipo usiku wina anaonetsa chithunzi cha Abrahamu atakweza mpeni pa mwana wake Isake. Pamene ankasuntha galasilo, mpeni uja unaoneka ngati ukulunjika kwa oonera, ndipo amayi amene anali pamenepo anathawa akukuwa, kugwerana okhaokha mumdima. Chithunzi chimene chinayenera kuphunzitsa za chikhulupiriro chinabala mantha. Patapita zaka zoposa 80, pakati pa 1935 ndi 1937, bungwe la amishoni la International Missionary Council linayesa kuyendayenda ndi makanema ophunzitsa za umoyo ndi ulimi ku Tanganyika, ku Kenya, ku Uganda, ku Northern Rhodesia ndi ku Nyasaland. Makanemawo anali opanda mau, choncho anajambula mau ofotokozera pa mbale za galamafoni m'zilankhulo zosiyanasiyana, kuphatikizapo Chinyanja, Chitumbuka ndi Chibemba. Iwonso anazindikira kuti maso okha sakwanira. Pafunika wina alankhule.

Livingstone yemweyo anadzakhala nkhani ya kanema wopanda mau. M'chaka cha 1925 M. A. Wetherell anatulutsa kanema wa moyo wake, wojambulidwa mu Africa muno, ndipo Wetherell mwini wake ndiye anasewera ngati Livingstone. Dziko lonse linkamudziwa munthuyu monga ngwazi ya maulendo: wolumidwa ndi mkango, woona mathithi a Mosi-oa-Tunya, wopezedwa ndi Stanley ku Ujiji. Koma ife tifuna tikutengereni ku malo ena a moyo wake, kumene kulibe chogometsa chilichonse chimene kamera ingakonde.

Mukachoka mu Gaborone kulowera kumadzulo, ulendo wosakwana ola limodzi pa galimoto, mufika pafupi ndi mudzi wa Kumakwane pa malo otchedwa Kolobeng. Mzinda wa Gaborone ndi wa dzulodzulo, unamangidwa m'zaka za m'ma 1960, koma Kolobeng ndi wakale. M'chaka cha 1847 Livingstone ndi mkazi wake Mary anakhazikika kumeneko pamodzi ndi mtundu wa Bakwena ndi mfumu yao Sechele. Anasankha malowo chifukwa cha mtsinje, ndipo anakumba ngalande yothirira minda. Sechele anaphunzira kuwerenga msanga modabwitsa, anakonda kwambiri buku la mneneri Yesaya, ndipo m'chaka cha 1848 anabatizidwa. Ubatizo umenewu unamudyera zambiri. Anali ndi akazi asanu, ndipo anabweza anayi kwao. Analinso wodziwika pa mtundu wake monga woitanitsa mvula, ndipo ntchito imeneyonso anaileka.

Tsono taganizani, abale, kanema akanaimaliza bwanji nkhani imeneyi? Mfumu yagwada, yabatizidwa, mitambo isonkhana, mvula igwa, anthu onse atembenuka mtima. Zoona zake sizinatero. Chilala chinakula chaka ndi chaka. Livingstone analemba kuti mtsinje wa Kolobeng unaphwa, nsomba zinafa zambirimbiri, ndipo afisi anasonkhana kudzadya. Mpweya unauma kotero kuti singano zosiyidwa pabwalo kwa miyezi sizinkachita dzimbiri. Amayi anagulitsa zokongoletsera zao kuti apeze chakudya kwa mitundu yoyandikana nayo. Mitambo inkabwera, mabingu n'kugunda, koma mvula n'kukagwa kwa ena. Akuluakulu a mudzi anapita kwa mmishoniyo kukamupempha kuti alole mfumu yao iitane mvula ngakhale kamodzi kokha, pakuti ankakhulupirira kuti iye ndiye waimanga. M'dziko lino mvula ndi moyo weniweni. Mau oti pula, amene amatanthauza mvula m'Chitswana, ndiwo mfuu ya dziko, ndiponso ndilo dzina la ndalama yao kuyambira 1976. Mungathe kuona kulemera kwa chiyeso chimene Sechele anali nacho.

Kenaka chisoni chinalowa m'nyumba ya mmishoni mwini wake. Mu August 1850, banjali litangobwera kumene ku ulendo wowawa wa ku nyanja ya Ngami, Mary anabala mwana wamkazi, namutcha Elizabeth. Pamudzipo panali mliri wa matenda a chifuwa pakati pa ana. Bambo ake anali dokotala wophunzira, analinso munthu wa pemphero, koma mwanayo anakhala ndi moyo masabata 6 okha. Anamuika m'manda pomwepo ku Kolobeng. Mayi ake anadwala, mbali imodzi ya nkhope yao inachita dzanzi. M'chaka cha 1852 Mabunu anathira nkhondo Bakwena ku Dimawe, ndipo nyumba ya Livingstone inafunkhidwa. Lero mukapita ku Kolobeng mupeza maziko a nyumba ndi manda okutidwa ndi miyala. Kunena mwa umunthu, mpingo wa pamalopo unathera pomwepo. Ndipo Mary nayenso anadzagona m'manda a kutali ndi kwao, ku Chupanga m'mphepete mwa Zambezi ku Mozambique, m'chaka cha 1862.

Kodi Mulungu anali kuti ku Kolobeng? Funso limeneli si la akunja ayi, ndi funso la ana a m'nyumba. Tiyeni tsopano titsegule pamene tinaika chala paja.

Yohane akutiuza kuti ku Betaniya, mudzi wa pa mtunda wa makilomita ngati atatu kuchokera ku Yerusalemu, kunali banja limene Yesu ankalikonda: Marita, Mariya ndi mlongo wao Lazaro. Lazaro anadwala, ndipo alongo ake anatuma uthenga kwa Yesu, amene anali kutsidya kwa Yordano. Pa ndime 5 ndi 6 pali zinthu ziwiri zimene Yohane waziika moyandikana mwadala. Choyamba, Yesu ankawakonda. Chachiwiri, atamva uthengawo anakhalabe kumene anali masiku ena awiri. Pamene ankafika, Lazaro anali atagona m'manda masiku anayi. Taganizani za masiku amenewo m'nyumba ya Marita: kusuzumira kumsewu m'mawa ndi madzulo, kumva mpweya wa wodwala ukuchepa, kusambitsa mtembo, kulandira opepesa maliro, ndipo Iye amene anachiritsa alendo ambirimbiri osaoneka. Amenewa ndiwo masiku amene lumo la wodula filimu limataya, koma Mzimu Woyera sanawataye. Anawalemba kuti ife tiwawerenge.

Atafika, alongo onse awiri, aliyense payekha, anamuuza Yesu dandaulo lomwelo, kuti Iye akanakhalapo mlongo wao akanakhala moyo. Ambuye sanawadzudzule chifukwa cha dandaulolo. Tionetsetse zimene anachita ndi Marita. Asanachite chozizwitsa chilichonse, anamupatsa mau. Anamuuza kuti kuuka kwa akufa ndi moyo zili mwa Iye mwini, ndi kuti imfa ilibe mau omaliza pa munthu womukhulupirira. Kenaka anamufunsa ngati akukhulupirira zimenezo. Ndipo Marita anavomereza kuti Iye ndiye Khristu, Mwana wa Mulungu. Anavomereza liti? Mwala uli chitsekere pa manda, mlongo wake ali chigonere mkati, maso ake asanaone kanthu. Chikhulupiriro cha Marita chinaima pa zimene anamva.

Tionenso kuti Ambuye sanathamangire kumanda ngati munthu wofuna kuonetsa mphamvu. Ataona Mariya akulira, mtima wake unavutika, ndipo misozi inatsika m'masaya mwake, kotero kuti oima pamenepo anaona kukula kwa chikondi chake pa Lazaro. Iye ankadziwa bwino lomwe chimene ati achite, komabe sanapeputse chisoni cha nyumba ija. Choncho inu amene mukulira lero, musalole munthu akuuzeni kuti misozi yanu ndi chizindikiro cha kuchepa kwa chikhulupiriro.

Tsono tifike pa mtima wa nkhani yathu. Mu kanema wa 1927 uja muli chithunzi cha kuukitsidwa kwa Lazaro. Mukuona manda, mukuona nsalu za maliro, mukuona anthu akunjenjemera, mukuona milomo ya wosewera ngati Yesu ikutseguka. Koma chinthu chimodzi chimene chinaukitsa Lazaro mulibemo. Ndime 43 ikutiuza kuti Yesu anafuula mokweza, kumuitana wakufayo ndi dzina lake. Sanamukhudze, sanamuthire mankhwala. Linali liu. Ndipo liu limenelo kamera ya nthawi ija sinathe kulijambula. Ngakhale kamera za lero, zimene zimagwira phokoso lililonse, zingathe kungojambula mau a wosewera. Liu limene akufa amalimva ndi la Mwana wa Mulungu yekha, ndipo pa Yohane 5:28-29 Iye walonjeza kuti tsiku likudza pamene onse ogona m'manda adzalimva nadzatuluka. Lonjezo limeneli likufikanso pa kamanda kaja ka ku Kolobeng, ndi pa manda amene inu munasiya kumudzi.

Ambiri a ife amene tili kunja kwa maiko athu tikuidziwa foni yolira pakati pa usiku. Uthenga ufika kuti mayi atisiya, kapena mwana amene tinkamutumizira ndalama za mankhwala wapita. Ndalama ya basi palibe, kapena makalata oyendera sali bwino, kapena kuntchito akana tchuthi. Mwambo wonse wa maliro tiuonera pa zithunzi za pa WhatsApp: bokosi, nkhata za maluwa, dothi lofiira. Tiyang'ana zithunzizo tili tokha m'kachipinda ka lendi, ndipo zili chete monga makanema akale aja. Zikutionetsa chimene chachitika, koma sizikutiuza tanthauzo lake. Mdani amakonda kuima pambali pa chinsalu chotere n'kukhala wofotokozera. Amati Mulungu wakutaya, amati pali tchimo lako limene labweretsa zimenezi, amati wina kumudzi wakulodza. Okondedwa, samalani ndi amene mukumulola kukufotokozerani zithunzi za moyo wanu. Lolani Mau a Mulungu akhale omasulira. Mauwo akuti ku Betaniya chikondi cha Yesu ndi kuchedwa kwake zinayendera limodzi.

Tichenjezanenso za njala ya zozizwitsa. Ife tikhulupirira ndi mtima wonse kuti Mulungu amachiritsa lero, ndipo Yakobo 5:14-15 akutilamula kuitana akulu a mpingo kuti apempherere odwala. Koma kumbukirani kuti luso lopanga chozizwitsa pa chinsalu linadziwika kale m'masiku a Méliès, ndipo lero ndi lapafupi koposa. Si zonse zimene muona pa wailesi ya kanema kapena pa foni zili zochokera kumwamba. Munthu akakuuzani kuti mugule madzi kapena mafuta kuti Mulungu akumvereni, kapena akanena kuti m'bale wanu anafa chifukwa simunapereke ndalama zokwanira, muyeseni ndi Malemba. Pa Ahebri mutu 11, Mulungu akuchitira umboni anthu a magulu awiri: ena anapulumuka ku lupanga, ena anaphedwa ndi lupanga, ndipo onsewo akutchedwa anthu a chikhulupiriro. Amene analandira mvula ndi amene anafa akuiyembekeza ali m'kaundula mmodzi.

Nanga Sechele anathera kuti? Moyo wake sunali wopanda banga. Patangopita miyezi yochepa chibatizidwire, zinadziwika kuti anabwerera kwa mmodzi wa akazi amene anawabweza aja, ndipo Livingstone anamuimitsa pa Mgonero wa Ambuye. Mmishoni anachoka, kupita kumpoto, ndipo m'chaka cha 1859 anafika ku nyanja yathu ya Malawi. Koma mfumu ija imene inatsala ndi chilala, nkhondo ndi manyazi sinasiye Buku. Inapitiriza kuliwerenga ndi kuliphunzitsa kwa anthu ake ndi kwa mafumu ena kwa zaka zoposa 40, kufikira imfa yake ku Molepolole m'chaka cha 1892. Lero mipingo ya Khristu ili m'midzi yonse ya Bakwena. Akuluakulu anati kuona maso a nkhono n'kudekha. Chimene Mulungu ankachita ku Kolobeng chinali choyenda pang'onopang'ono kwambiri, choti kamera iliyonse ikanatopa nacho.

Inu amene mukumvera wailesi pa nthawi ino, muli ndi mwayi wosiyana ndi wa oonera kanema wopanda mau. Iwo ankaona koma osamva. Inu simukuona nkhope yathu, simukuona Betaniya, simukuona manda otseguka, koma mukumva. Paulo pa Aroma 10:17 akutiphunzitsa kuti khomo limene chikhulupiriro chimalowera ndi khutu, pamene uthenga wa Khristu ulalikidwa. Ndipo Ambuye atauka kwa akufa anauza Tomasi, pa Yohane 20:29, kuti pali dalitso lapadera kwa okhulupirira asanaone. Dalitso limenelo ndi lanu ngati mulilandira. Funso limene Marita anafunsidwa mwala usanachotsedwe likufika kwa inu usiku uno, vuto lanu lisanathe. Yesu ameneyu anafera machimo athu pa mtanda, anagona m'manda, ndipo pa tsiku lachitatu anauka. Ngati simunapereke moyo wanu kwa Iye, musadikire kuti muyambe mwaona chizindikiro. Lapani, mumuitane, ndipo mupeze mpingo wophunzitsa Mau a Mulungu moona kumene mukukhalako. Ngati ndinu wake kale koma mtima wasweka, muuzeni dandaulo lanu mosabisa monga anachitira Marita ndi Mariya, kenaka muwerengenso Yohane 11 yense mofatsa sabata ino.

Tiyeni tipemphere. Atate wathu wakumwamba, Inu mukudziwa aliyense amene akumvera ali ndi misozi, amene waika m'manda wokondedwa wake, amene sanathe kufika pa maliro a kholo lake, amene wapempha mvula koma munda wauma. Tikhululukireni pamene tafuna kuona tisanakhulupirire. Tsegulani makutu athu kuti timve liu la Mwana wanu m'Mau anu, ndipo mutigwire dzanja m'masiku odikira, kufikira tsiku limene adzaitana akufa ndi maina ao. Tapempha m'dzina la Yesu Khristu Ambuye wathu. Amen.

Mulungu akudalitseni ndi kukusungani, inu ndi a m'banja mwanu, kufikira tidzakumanenso pa nthawi ngati yomwe ino.